Mtedza Wamakoko wa Malemu Amayi

Limbe,
8 Juni 1987

Okondedwa achemwali a Enid,

Ndikhulupirira muli bwino pamodzi ndi amjomba a Rowland ndi onse a ku Malindi. Ife kuno tili bwino, ine ndi alamu anu a Dorika, kungoti kuzizira kwa Limbe chaka chino kwanyanya.

Za maliro a amayi musandiweruze msanga. Telegalamu munatumiza Lachiwiri, ine ndinailandira Loweruka, mutaika kale. Ndinalira muofesi momwemo anthu akuona. Tchuthi ndapempha, koma ino ndi nyengo yogula mbewu, ndipo wosankha magiredi a mtedza pakampani pano ndine ndekha.

Tsono nkhani ndi iyi. Kampani yathu yapeza wogula ku Mangalande. Azungu kumeneko pa Khirisimasi amakonda mtedza wamakoko. Amaukazinga osasenda n'kuuika m'timapepala, munthu aziswa yekha akucheza. Amafuna makoko akuluakulu, oyera, opanda banga. Abwana akuti pakali pano anthuwo amagula wa ku Amereka ndi ku China, koma akaona kuti wathu ndi wabwino, chaka chamawa adzaitanitsa wodzaza malole. Ayamba ndi matumba ochepa ongoyesera. Ndafufuza m'mashedi athu onse, wopezekamo ndi wamakoko ofiira ndi katondo, sangaulandire. Ndiye ndakumbukira Chalimbana wa amayi, wa mumchenga uja, amene amatuluka m'nthaka ngati wotsukidwa kale. Abwana ndawauza kuti ndili nawo, ndipo anandigwira chanza, chinthu chimene sanachitepo zaka zisanu ndi zinayi zonsezi.

Mundiuze kuti munakumba matumba angati. Musausende chonde, ngakhale khoko limodzi, ndipo usakhudze madzi. Yankho lifulumire.

Ndine mlongo wanu,
Basil

Malindi,
21 Juni 1987

Iwe Basil,

Moni ndikukupatsa chifukwa ndinaleredwa bwino. Tili moyo. Amjomba miyendo ikuwavuta monga kale.

Kalata yako ndaiwerenga kawiri, kufunafuna pamene wafunsa kuti amayi anamwalira bwanji. Ndapeza Amereka, ndapeza China, ndapeza chanza cha abwana ako. Ndikuuza ngakhale sunafunse. Anagwa m'munda wawo wa mtedza womwewo, m'mwezi wa Epulo. Anapita kukazula phata limodzi kuti aone ngati wakhwima. A Mwanamvua oyandikana nafe munda ndi amene anawapeza, phatalo lili m'manja. Kuchipatala anakhalako masiku awiri. Anakutchula kangapo. Ine ndinkangoti ali m'njira, kunama pamaso pa munthu akufa chifukwa cha iwe.

Mtedzawo ndinakumba ndi a Mwanamvua, tinathothola, tinayanika. Wakwana matumba khumi ndi anayi, ndipo ali m'nyumba ya amayi. Sindinausende, koma usati ndamvera iwe.

Mwambo wa pabanja pathu ukuudziwa, usadzipusitse. Mbewu imene munthu anabzala ndi manja ake n'kumwalira asanakolole situluka pamudzi ili m'makoko. Ana ake onse amakhala pakhonde pake, aliyense aswe ngakhale wodzaza chikhatho chimodzi. Kutero ndiko kumulandira ntchito kuti manja ake apume. Pambuyo pake mutha kudya, kugulitsa kapena kubzala. Tinawachitira agogo a Tatu iwe uli sitandade faifi, ndipo unadya wambiri kuposa umene unaika m'lichero. Ana a amayi ndife awiri basi. Ine ndilipo. Amene tikudikira ndi bwana wa magiredi.

Ukuti azungu amakonda kuswa okha. Ndi ana a Marita, mayi wathu, azunguwo? Anayamwa bere lake?

Bwera, ngakhale tsiku limodzi. Basi ya ku Mangochi imayenda tsiku lililonse, sinafe pamodzi ndi amayi. Tikhale pakhonde, tiswe, ukaonenso manda. Ukatero matumba otsalawo utenge, uwapatse anthu a dziko lililonse limene ukufuna. Usanabwere, palibe thumba lichoke pano. Ndakwiya nawe, komanso ndakusowa, zonse ziwiri ndi zoona.

Mlongo wako,
Enid

Limbe,
6 Julayi 1987

Kwa amjomba a Rowland,

Ndikupereka moni mwaulemu, ndi kufunsa za miyendo yanu. Ndakugulirani mankhwala opaka amene anthu kuno akuwatama, ndibwera nawo.

Amjomba, ndalemba kwa inu chifukwa ndinu mwini mbumba, ndipo achemwali a Enid mukuwadziwa mtima wawo ukatentha. Mwambo sindikuukana ayi. Vuto ndi nthawi. Njira ya njanji yopita kunyanja yaikulu ndi yotseka chifukwa cha nkhondo ya kwa anansi athu, tsono katundu akuzungulira pamsewu mpaka ku Durban, kenako sitima yapamadzi milungu ingapo. Kuti mtedza ukafike Khirisimasi isanakwane, uyenera kunyamuka kuno Ogasiti asanafike pakati.

Ndakonza chonchi. Loweruka pa 25 Julayi lole ya kampani ibwera ku Malindi, ine ndili momwemo. Tikhala pakhonde la amayi, tiswa monga mwa mwambo, ndikaona manda, kenako tipakira matumba. Palibe chimene chilakwike. Muwauze achemwali asachoke tsiku limenelo.

Dzina la banja lathu likwera, amjomba. Mtedza wa mlongo wanu ukadyedwa ku Mangalande.

Ndine mwana wa mlongo wanu,
Basil

Malindi,
2 Ogasiti 1987

Basil,

Moni. Amjomba akudwala manyazi, satuluka m'nyumba. Ine ndili bwino m'thupi.

Kalata imene unalembera amjomba inafika pa 23, ine nditapita kale ku Katuli. Mwana wanga Dinah wachira, mwana wamkazi, ndiye ndinakamuthandiza. Ku Katuli ukukudziwa, galimoto imaoneka kamodzi pamlungu ngati Mulungu walola. Amjomba anatuma uthenga, unandipeza lole itapita kale.

Ndipo iwe mu lolemo munalibe. Munali dalaivala wanu, a Simioni, ndi anthu awiri opakira. Amjomba atafunsa, a Simioni anati watsalira ku Mangochi boma kusainitsa mapepala, ukubwera pambuyo pa matola, iwo angoyamba kupakira kuti dzuwa lisawathere. Amjomba anavala jekete, anayala mphasa pakhonde la amayi, anaika lichero. Matumba anakwera onse khumi ndi anayi. Lole inanyamuka kuti ikakutenge. Nkhalamba ija inakhala pamphasa mpaka nkhuku zinalowa. Unganamize ine, Basil, koma munthu wa zaka makumi asanu ndi awiri, wovala jekete chifukwa cha iwe?

Izo zatha. Chimene ndalembera kalatayi ndi china, ndipo uwerenge uli wekha.

Ndinabwerako Lachitatu. Lachinayi masana, dzuwa lili paliwombo, ndinali kuseri kwa nyumba yanga ndikutsuka mbale. Ndinamva munthu akuswa mtedza pakhonde la amayi. Thwa. Kenako kachete pang'ono. Thwa. Pang'onopang'ono, monga amaswera munthu wa nyamakazi m'zala. Ndinati ndi a Mwanamvua, ndinafuula moni. Sanayankhe. Nditazungulira, pakhonde panalibe munthu. Mphasa inali pomwe amjomba anaisiya, ndipo m'lichero munali njere za mtedza, zokwana mbale imodzi, zazikulu, zofiirira bwino. Chalimbana wa amayi ndimamudziwa ngakhale nditatsinzina. Makoko panalibe. Ndinasesa khonde lonse, ndinayang'ana pansi pa mphasa, ngakhale kachidutswa.

M'nyumba ya amayi simunatsale mtedza ngakhale umodzi, anthu ako anasesa. Lachisanu zinachitikanso, nthawi yomweyo. Dzulo chimodzimodzi. Ndikaima poonekera pamakhala zii. Ndikabwerera kuseri zimayambiranso.

Sindinauze munthu kupatula amjomba. Iwo anangoti, "Mlongo wanga sanasiyepo ntchito pakati." Kenako anatembenukira kukhoma.

Undiyankhe, ndipo usandiyankhe za China.

Enid

Limbe,
20 Ogasiti 1987

Okondedwa achemwali,

Moni nonse, ndipo ndakondwa kumva za mdzukulu wathu ku Katuli. Amjomba mundipepesere kwambiri. Sindinafune kunama. Lachisanu madzulo abwana anandiuza kuti Loweruka kukubwera alendo akuluakulu kudzaona mashedi, ine ndisachoke. Ndinauza a Simioni kuti akafotokoze bwino, iwo ndiye anapeka zawo poopa kubwerera opanda katundu. Ndinalemba kalata tsiku lomwelo, kaya inafika.

Za pakhondezo, achemwali, inu ndi munthu wa mpingo, mumaimba kwaya. Amenewo ndi makoswe. Khoswe amaba mtedza n'kubisa kudenga, kenako njere zimagwa. Kapena pali wina pamudzipo akufuna kukuopsezani chifukwa cha nsanje. Chotsani licherolo, muona kuti zitha. Chisoni nachonso chimamvetsa munthu zinthu.

Koma mukanaona tsiku limene matumba ananyamuka! Ndinawasankha ndekha, thumba lililonse kulikhuthula patebulo, kuchotsa osweka, kuyeza pasikelo. Mphwepwa, aja makoko opanda njere, sindinapezemo ngakhale odzaza chipewa. Thumba lililonse lili ndi chikwangwani cha dzina la dziko lathu, ndipo pansi pake pali siginecha yanga. Kunabwera wojambula, abwana aakulu analankhula kuti mtedza umenewu ukukaimira dziko lonse pamaso pa azungu, aliyense anaomba m'manja. Abwana aakuluwo ndi munthu wodziwana ndi anthu apamwamba, mukumva chimene ndikutanthauza. Anandiloza pagulu n'kunena kuti, "Mnyamata uyu ndiye watsimikiza thumba lililonse."

Ndasungako makoko makumi awiri, osankhika, m'kachitini ka tiyi m'dirowa yanga, okumbukira amayi. Ndikatopa ndimatenga limodzi n'kuligwedeza pakhutu, limalira ngati maseche. Mukuona kuti sindine mwana wopanda mtima.

Ndibwera zinthu zikaphwa.

Mlongo wanu,
Basil

Malindi,
13 Seputembala 1987

Achimwene a siginecha,

Moni. Kalata yako yafika envelopu itamatidwa kawiri, tsono amene amatithandiza kuwerenga nawonso ndikuwapatsa moni. Kalata ina ija ukuti unalemba sitinaione.

Makoswe a ku Limbe kapena ndi ophunzira. A kuno sasenda mtedza n'kuuika m'lichero mosadyako ndi umodzi womwe, ndipo sagwira ntchito masana okhaokha n'kupuma Lamulungu. Inde, Lamulungu kumakhala zii. Amayi sankagwira khasu kapena lichero tsiku la Mulungu, ukudziwa.

Lichero ndinachotsa monga unanena. Njere ndinazipeza pamphasa, zounjikidwa bwinobwino. Ndinachita manyazi ngati ndawalanda mbale akudya, ndinalibwezera. Ndinaitana abambo ansembe. Anabwera ndi buku, ali ndi nkhope yofanana ndi kalata yako. Tinaima kuseri kwa nyumba, anamva okha. Atayamba pemphero kunakhala chete, mtima wanga unati zatha. Titangoti Amen, thwa. Amayi ndi aulemu, anangodikira kuti timalize. Abambowo anatseka buku n'kunena kuti adzabweranso, mpaka lero.

Njerezo ndikuzithira m'thumba, sindidya, sindipatsa munthu. Ndinaponyera nkhuku zingapo, zinazungulira n'kuchoka. Tsopano lichero likumadzaza tsiku lililonse. Ndayerekeza ndi diso la mlimi: zimene ndasonkhanitsa ndi zochokera m'matumba amakoko asanu, kapena kupitirirapo.

Iwe wophunzira, taganiza. Njere zili kuno. Makoko kulibe kuno. Ali kuti makokowo?

Usandiyankhe ine. Tsegula dirowa yako, ugwedeze onse makumi awiri, limodzilimodzi. Ngati onse akulira, unditche wamisala, ndivomera ndi mtima woyera.

Koma ngati ena asiya kulira, mvera mlongo wako kamodzi m'moyo wako. Mtedza wa amayi wosaswa umene tingaufikire ndi wa m'kachitini kakoko basi. Bwera nako kuno ukadali ndi njere, tikhale pakhonde tonse awiri, tiswe, tiwalandire ntchito. Akapuma, otsala m'matumba aja atsala ndi njere zawo, kapena azungu sangadandaule kwambiri. Kuswera ku Limbe sikuthandiza, kutumiza papositi sikuthandiza. Pafunika iwe, pamphasa. Zengerezu analinda kwawukwawu, Basil. Dzina lili pamatumba aja si langa.

Enid

Limbe,
5 Okutobala 1987

Achemwali,

Moni. Kalatayi ndapatsira munthu wa ku Mangochi pamanja, sindinaiponye. Mukawerenga muitenthe.

Kalata yanu ndinaiseka, ndisaname. Inakhala m'thumba la malaya masiku anayi. Lachisanu anzanga atapita kukadya, ndinatseka chitseko cha ofesi n'kutsegula kachitini. Asanu ndi atatu sanalire. Ndinati mwina njere zagwirana ndi khoko chifukwa cha chinyezi. Ndinawayang'ana pawindo, alibe bowo, alibe mng'alu, chiswe kapena nankafumbwe sanalowe. Ndinaswa limodzi. M'kati moyera, mosalala, malo a njere ziwiri akuoneka bwinobwino, koma mulibe kanthu. Makoko amenewa ndinasankha ndekha, achemwali, olemera okhaokha.

Lolemba ndinaika khoko limodzi lolira patebulo, pamaso panga, ndikulemba malipoti. Sindinachoke pampando. Belu la nkhomaliro litalira ndinalitola. Linali lopepuka.

Sitima inanyamuka ku Durban masabata awiri apitawo. Ndikakhala muofesi ndimaona matumba aja ali m'mimba mwa sitima pakati pa madzi, osokedwa bwino, dzina langa lili pamwamba, akupepuka tsiku ndi tsiku. Ndikauze ndani? Ndipite kwa abwana ndikati mayi anga amene anamwalira mu Epulo akusenda katundu wa kampani? Adzati ndinadziwa kuti ndi mphwepwa, ndikupeka nthano. Kuno munthu akachititsa manyazi akuluakulu sathera pa kuchotsedwa ntchito. Amene ankakhala pa desiki iyi ndisanabwere ine, anthu satchula dzina lake.

Ndapempha tchuthi kawiri. Abwana akuti palibe wochoka mpaka uthenga ubwere kuchokera ku Mangalande, chifukwa ukakhala wabwino ndiyenera kuyamba pompo kufunafuna wa chaka chamawa. Kuthawa Loweruka ndikanatha, koma tikugwira mpaka Loweruka madzulo, ndipo kusowa Lolemba osapempha kungaoneke ngati ndikudziwa kanthu. Ndikudikira mpata.

Mukakhala kuseri kuja, muwauze amayi kuti ndalakwa. Muwapemphe achepetse liwiro. Atsala olira asanu ndi anayi. Ndili ndi mantha, achemwali.

Basil

Limbe,
3 Novembala 1987

Achemwali,

Moni mwachidule. Yanu ija munati "siya zonse, kwera basi" ndinailandira, musaganize kuti sindinamve. Olira atsala atatu. Sitima inafika, katundu akumutsitsa sabata ino. Sindidikiranso chilolezo cha munthu. Loweruka pa 7 ndikwera basi yoyamba, ndikatsika ku Mangochi ndipeza matola, ndifika dzuwa lisanapendeke. Yalani mphasa. Amjomba muwauze kuti ulendo uno asavale jekete mpaka andione ndi maso.

Kachitini ndikumagona nako, ndikumayenda nako m'thumba. Dorika akuti ndapenga.

Basil

Limbe,
16 Novembala 1987

Okondedwa alamu a Enid,

Ndine Dorika. Ndikhulupirira muli bwino. Pepani kulemba kwanga, sindinazolowere.

Ndikudziwa munadikira pa 7. Abambo a kunyumba kuno sananame ulendo uno. Chikwama anali atalongedza kale Lachinayi, mankhwala a miyendo ya amjomba ali momwemo. Lachisanu m'mawa anapita kuntchito monga mwa masiku onse. Sanabwerere.

A Simioni ndi amene anabwera kudzandiuza, ataima pakhomo osalowa. Akuti uthenga unafika cha m'ma teni koloko. Azungu anatsegula matumba, makoko okongola kwambiri, koma pa khumi alionse asanu ndi awiri opanda kanthu. Akuti anafunsa ngati dziko lathu limagulitsa mphepo. Matumbawo awatsekera m'nyumba yosungira katundu komweko kuti akhale umboni, ndipo anena kuti za chaka chamawa ziiwalike, apitiriza kugula kumene ankagula. Abwana aakulu anakalipa kuti pali munthu amene wachita dala kuti anyozetse dziko. Masana kunabwera amuna awiri ndi galimoto kudzawatenga abambo a kunyumba kuno. Anawalola kuvala jekete. A Simioni akuti potuluka anawapatsira kachitini aka n'kunena kuti, "Kapite ku Malindi."

Ndayenda m'maofesi anayi. Kulikonse akuti sakudziwa munthu wa dzina limenelo. Kwinako mayi wina anandinong'oneza kuti ndisiye kufunsa ngati ndikufuna kulera ana anga. Anzathu a kutchalitchi akumandilambalala pamsewu. Nyumbayi ndi ya kampani, andipatsa mpaka kutha kwa mwezi, ndiye ndipita kwathu ku Chiradzulu ndi ana.

Munthu wina amene ali ndi m'bale wolondera kumalo kumene amasungirako anthu akuti anawaona, ali moyo, akudya. Ndikugwira mawu amenewo.

Kachitiniko ndapatsira mayi wa usipa amene akupatseni kalatayi. Ine sindikumvetsa za mtedzawu. Ngati pali chimene mungachite kumudziko, chitani alamu, ndagwira mwendo wanu.

Ndine mlamu wanu,
Dorika

Malindi,
13 Disembala 1987

Basil mlongo wanga,

Moni, kulikonse kumene moni angakupeze. Kuno mvula yagwa, anthu abzala. Munda wa amayi ndausiya, wamera udzu.

Pa 7 paja ndinayala mphasa m'mamawa. Ndinakutukwana tsiku lonse, mawu amene sindingawabwereze nditachoka kutchalitchi. Kalata ya alamu itafika ndinapita kuseri kwa nyumba n'kudzimenya pakamwa. Undikhululukire.

Kachitini kanafika. Ndinagwedeza onse, palibe lolira. Ndinakhalabe pamphasa ndi amjomba, ndinaswa onse ndekha, ndikuti mwina amayi aona kuti mwana wawo anayesetsa. Mawa lake masana, thwa, monga kale. Ndinawakalipira, Basil. Ndinaima pabwalo n'kuwauza kuti mwana wanu mwamupereka m'manja mwa anthu chifukwa cha mtedza, simukukhuta? Anadikira ndimalize, anapitiriza. Sindikuganiza kuti akulanga munthu. Ntchito yawo yatsala m'matumba aja kutsidya kwa nyanja, ndipo palibe anawalandira.

Ndinapita ku boma kawiri kukafunsa za iwe. Ulendo wachiwiri anandifunsa dzina langa ndi la mudzi n'kulemba, ndiye amjomba andiletsa kupitanso. Alamu analemba kuchokera ku Chiradzulu kuti munthu uja akunenabe kuti uli moyo, ukudya. Ndinawayankha kuti tithokoze Mulungu. Ndinkakhulupirira, mpaka Lachiwiri lapitali.

Lachiwiri masana ndinali kuseri, ndikusankha nyemba. Amayi anayamba nthawi yawo, pang'onopang'ono. Kenako pakati pa kuswa kwawo ndinamva kwina. Kofulumira, kosakhazikika, kwa munthu amene manja ake anaiwala ntchito ya kumudzi. Amayi thwa, winayo thwa thwa. Ndinakhala pansi pomwepo, nyemba zinatayika. Sindinazungulire kukaona. Ndinamvetsera mpaka anasiya, ndipo nditapita lichero linali litasefukira, njere zina zili pamphasa, zina zoswekasweka pakati. Amayi saphwanya njere.

Lachitatu anali awiri. Lachinayi awiri. Dzulo kuswa kwapang'onopang'ono kuja kunamveka kanthawi kochepa n'kuleka, kunatsala kofulumira kokha mpaka dzuwa kupendeka. Amjomba anali nane kuseriko. Anavula chipewa, anati, "Walandiridwa ntchito mlongo wanga." Kenako analira ngati mwana, ine ndinawagwira.

Alamu sindinawalembere. Ndiyamba bwanji? Palibe telegalamu, palibe thupi, palibe amene adzabwere kudzatiuza. Ndiwasiya adye Khirisimasi ndi ana ali ndi mawu a munthu uja, ndikawauza ndekha pamaso chaka chikatembenuka.

Ndinakuuza kuti pafunika iwe, pamphasa. Sindinatanthauze chonchi, Basil, Mulungu ndi mboni yanga. Wachedwa monga mwa khalidwe lako, koma wabwera.

Lero ndi Lamulungu, pakhonde pali zii. Mawa ndiphika msanga, ndibwera kudzakhala nawe, ngakhale ukhale chete pondiona. Matumba atsala ochepa, usathamange, ukuphwanya njere.

Kalatayi sindiika sitampa. Ndiisiya pamphasa.

Mlongo wako,
Enid